Sven Nykvist: Mwana wa Amishonale Amene Adatumikira Kuŵala

Ambiri a ife tikatha kuonera kanema timakumbukira maina a anthu amene taŵaona akuchita seŵero. Ena oŵerengeka amakumbukiranso dzina la mkulu amene adatsogolera ntchito yonseyo. Koma alipo munthu wina amene dzina lake limadutsa mofulumira pakati pa malembo a kumapeto, ife titayamba kale kunyamuka pa mipando, chonsecho zonse zimene taona tazionera m'maso mwake. Munthuyo ndi mkulu wa ojambula. Iyeyu, mogwirizana ndi wotsogolera, ndiye amagamula kuti kamera iime pati, iyandikire nkhope ya munthu kapena iitalikire, nyali ziyake zingati, ndipo kuŵala kwake kuchokere mbali iti. Filimu ndi zithunzi 24 zodutsa pa sekondi iliyonse, ndipo palibe ndi chimodzi chomwe mwa izo chimene chingaoneke popanda kuŵala. Tsono amene akulamula kuŵala akulamulanso maso athu, mwinanso ndi mitima yathu yomwe. Angathe kutikometsera chinthu choipa, angathenso kutionetsa ulemerero wa munthu amene tikadangomlambalala pa mseu.

Mwezi uno tikufuna tikambirane za mmodzi mwa akatswiri a ntchito imeneyi, bambo Sven Nykvist a ku Sweden, amene adajambula mafilimu oposa 100 pa zaka zopitirira 50.

Adabadwa pa 3 December 1922 ku Moheda, m'chigawo cha Småland kumwera kwa dzikolo. Småland ndi dera la miyala ndi nkhalango, kumene nthaka siipatsa mlimi zambiri, ndipo anthu ake adatchuka ndi kulimbikira ntchito, kusunga khobidi ndi kupemphera. Makolo a Sven anali amishonale a Chiprotestanti, ndipo zaka zochuluka za moyo wao adazithera ku Congo. Masiku amenewo malungo ankatenga ana a azungu mosavuta, sukulu za chilankhulo chao kunalibe, motero chizoloŵezi chinali chakuti ana azitsala ku Ulaya m'manja mwa achibale. Sven adakula motero, makolo ake nkumaŵaona mwa apo ndi apo, pakapita zaka. Ife amene Mthenga Wabwino udatifika kudzera mwa ansembe a Montfort ndi a White Fathers, anthu opanda mabanja, sitiganizako kaŵirikaŵiri za mtengo umenewu. Abale athu a mipingo ina amaudziŵa bwino. Kumbuyo kwa mishoni zambiri za mu Africa kunali ana osiyidwa kutsidya kwa nyanja, amene sadafunsidwe ngati akuvomera nsembeyo, koma adaipereka ndithu.

M'mabanja opemphera a mtundu umenewo kanema ankamuyesa khomo la uchimo, pamodzi ndi moŵa ndi magule. Komatu chodabwitsa nchakuti mbeu ya ntchito imene mwanayo adadzagwira idafesedwa ndi bambo ake omwe, pakuti mmishonaleyo ankakonda kujambula zithunzi, makamaka za nyama zakuthengo za ku Congo. Mwana wosoŵa bambo wake adamdziŵa bamboyo kudzera m'zithunzi zimene ankajambula. Atasinkhuka, Sven adakonda maseŵera olimbitsa thupi, ndipo filimu yake yoyamba adaijambula pofuna kuona m'mene thupi limakhalira polumpha chingwe chokwezeka, kuti akonze kalumphidwe kake. Adaphunzira chaka chimodzi pa sukulu ya ojambula mu mzinda wa Stockholm, ndipo mu 1941, asanakwanitse zaka 20, adaloŵa ntchito ngati wothandiza ojambula ku kampani ya Sandrews. Adakagwirako ntchito kanthaŵi ku Cinecittà, situdiyo yaikulu ya ku Rome, nabwerera kwao. Mu 1945 adapatsidwa udindo wojambula yekha filimu yonse, yotchedwa Barnen från Frostmofjället, nkhani ya ana amasiye oyenda mtunda wautali m'nyengo ya njala kufunafuna owalera.

Pa zaka zotsatira adapita ku Africa kangapo, kukaponda nthaka imene idamlanda makolo. Kumapeto kwa zaka za m'ma 1940 adajambula ku Congo filimu imene mutu wake utanthauza kulondola mapazi a sing'anga. Mu 1952 adajambula ina yonena za Albert Schweitzer, dokotala wa chipatala cha Lambaréné ku Gabon, ndipo mu 1956 idatuluka Gorilla. Sitingabise kuti mitu yoteroyo ili ndi fungo la nthaŵi yake. Ku Ulaya anthu ankafuna kuona Africa wa asing'anga, wa nyama zoopsa ndi wa dokotala wachizungu wopulumutsa odwala. Munthu wakuda wolima munda wake, woweruza milandu pa bwalo, woganiza zake, sankadzaza holo. Mnyamata Nykvist anali mwana wa nthaŵi imeneyo monga anzake onse. Komabe nkhani ya Congo siidamchoke mumtima. Mu 1974, atatchuka kale pa dziko lonse, adapanga filimu ya Kallelsen, ndiye kuti kuitanidwa, yofotokoza za bambo ake ndi ntchito yao ya umishonale.

Kuti timvetse chimene munthuyu adasintha, tiyenera kuyamba taona m'mene anthu ankajambulira iye asanabwere. M'masitudiyo a ku Hollywood ndi ku Ulaya, zipinda za m'filimu ankazimanga zopanda denga, ndipo pamwamba pake ankapachika nyali zamagetsi zambirimbiri. Nyali ina inkaunika nkhope kuchokera kutsogolo, ina inkafafaniza mithunzi imene yoyambayo yabweretsa, yachitatu inkaima kumbuyo kuti tsitsi la mkazi linyezimire ngati la mngelo wa pa chithunzi. Mkazi wa m'seŵero ankati akadzuka pa mphasa ya matenda, nkhope yake inkasalala ngati akupita ku ukwati. Munthu mmodzi ankatha kukhala ndi mithunzi itatu pa khoma, pamene m'chipindamo muli zenera limodzi. Zinali zokongola, ndipo zina mwa izo nzokongola mpaka lero. Koma chikomekome cha nkuyu, m'kati muli nyerere: kukongolako kunkanama. Nykvist adaphunzira luso limeneli nalidziŵa bwino, ndipo iye mwini ankanena atakula kuti zidamtengera zaka zambiri kuti aphunzire kuzima nyali zosafunika.

Amene adamthandiza kutero ndi Ingmar Bergman, wobadwa mu 1918 ku Uppsala, mwana wa mbusa wa mpingo wa Lutheran. Adakumana koyamba pa ntchito mu 1953, pa filimu ya Sawdust and Tinsel, imene Nykvist adajambulako mbali ina chabe. Nthaŵi imeneyo wojambula wokhazikika wa Bergman anali Gunnar Fischer, katswiri wa mithunzi yakuda bii ndi kuŵala kothobwa m'maso, amene adajambula The Seventh Seal ndi Wild Strawberries mu 1957. Mpata wa Nykvist udafika ndi The Virgin Spring ya mu 1960, nkhani yakale ya mtsikana wophedwa ndi abusa a mbuzi ali pa ulendo wokapereka makandulo ku tchalitchi, ndi ya bambo wake amene adalipsira mwankhanza, kenaka nkulumbira kuti adzamanga tchalitchi pamalo pomwepo. Kuyambira pamenepo aŵiriŵa adagwira ntchito limodzi kwa zaka zoposa 20. Mwana wa mbusa ndi mwana wa mmishonale: onse adakulira m'nyumba zimene dzina la Mulungu linkamveka tsiku ndi tsiku, koma chifungatiro cha kholo chinali chosoŵa. Bergman anali waukali ndi wolankhula. Nykvist anali wofatsa, wa mau ochepa. Amene adagwira nao ntchito amati aŵiriŵa adafika pomvana osalankhulana.

Pano tiyenera kunenapo za dzuŵa la kwao, pakuti si dzuŵa lathu lino. Kuno usana ndi usiku zimasiyana pang'ono chaka chonse, ndipo dzuŵa likaloŵa mdima suchedwa. Ku Stockholm m'mwezi wa December dzuŵa limakhala kumwamba maola asanu ndi limodzi okha, ndiponso silikwera, limangokwawa m'munsi mwa thambo. M'mwezi wa June limakhala maola 18, ndipo likaloŵa kumatsala chisisira chotalika chimene sichifuna kutha. Filimu ya Through a Glass Darkly ya mu 1961, imene mutu wake udachokera m'kalata yoyamba ya Paulo Woyera kwa Akorinto, mutu 13, adaijambulira pa kachilumba kamiyala ka Fårö m'kuŵala kotereku, kosakhala usana kosakhalanso usiku. Nkhani yake ndi ya mayi wachitsikana wodwala misala ndi amuna atatu a m'banja mwake amene akulephera kumthandiza. Filimuyi, monganso The Virgin Spring, idalandira mphoto ya Oscar ya filimu yopambana ya chilankhulo chachilendo.

Koma pamene Nykvist adasandulika kukhala wojambula wina ndi pa filimu yotsatira, imene Angerezi amaitcha Winter Light. Adaijambula kumapeto kwa 1961 ndi kuchiyambi kwa 1962, nituluka mu 1963. Mutu wake wa Chiswidishi, Nattvardsgästerna, utanthauza anthu odzalandira Mgonero. Nkhani yonse ikuchitika pa maola atatu okha a tsiku Lamulungu m'mwezi wa November, kuyambira masana mpaka cha m'ma 3 koloko. Mbusa wa kumudzi, Tomas Ericsson, mkazi wake adamwalira, chimfine chamgwira, ndipo chikhulupiriro chake chauma ngati chitsime cha m'chilimwe. Akugaŵa Mgonero kwa anthu oŵerengeka pa zala. Mapemphero atatha, kukubwera msodzi wina dzina lake Jonas, amene mantha a bomba la atomiki amlanda tulo ndi chilakolako cha moyo. Mkazi wake wambweretsa kuti abusa amlimbitse mtima. Koma mbusayo, m'malo momvetsera nkhosa yake, akuyamba kukhuthula kukayika kwake komwe. Msodzi uja akutuluka, ndipo posakhalitsa kukubwera uthenga wakuti wadziwombera m'mbali mwa mtsinje.

Nkhani yotere mungaiunike bwanji? Wojambula wa kale akadadzaza tchalitchicho ndi mithunzi yoopsa ndi mivi ya kuŵala yotsika m'mazenera, kuti woonera adziŵe msanga kuti pano pali nkhondo ya mzimu. Bergman adakana. Adafuna kuŵala kwa November weniweni, kopanda mthunzi. Aŵerengi athu a ku Mulanje ndi ku Thyolo akukudziŵa kuŵala kumeneku: ndi kwa tsiku la chiperoni, pamene thambo lonse latuŵa, dzuŵa silioneka kumene lili, ndipo munthu akaima pabwalo alibe mthunzi. Tsono aŵiriŵa adakakhala m'tchalitchi china chakumudzi, chete, akupenya m'mene kuŵala kumasinthira pa makoma ndi pa mipando m'maola amene nkhaniyo ikuchitika, Nykvist akujambula zithunzi pakapita mphindi zingapo. Poyamba ankayesa kuti palibe choti aone. Pajatu kuona maso a nkhono nkudekha. Adazindikira kuti ngakhale kuŵala kwa mitambo kumayenda, kumakula, kumafooka, ndipo sikukhala chimodzimodzi mphindi khumi.

Atabwerera ku situdiyo, kumene adamanga m'kati mwa tchalitchi cha m'filimuyo, adasiya njira ya nyali zolunjika kuchokera kumwamba. M'malo molozetsa nyali pa munthu, ankailozetsa pa chinthu choyera kuti kuŵala kubwerere kofeŵa, kapena ankakusefa pa pepala, kuti kuloŵe cha m'mbali monga kumaloŵera pa zenera. Kunena nkosavuta, koma kuchita kwake nkovuta, pakuti chithunzi chopanda mthunzi chimafulumira kuoneka chakufa, ngati nsima yosaphika bwino. Luso lagona pa kusiya kusiyana kwakung'ono kwambiri pakati pa tsaya ili ndi linzake, kokwanira kuti nkhope ikhale yamoyo. Zotsatira zake nzakuti nkhope ya Gunnar Björnstrand, amene adaseŵera ngati mbusayo, ilibe pobisala. Tikuona khungu lotopa, maso ofiira ndi chimfine, milomo yonena mau opatulika mwachizoloŵezi chabe. Pena mphunzitsi wamkazi Märta, amene amakonda mbusayo koma iye samfuna, akulankhula mau a kalata yake atayang'ana m'kamera momwe, kwa mphindi pafupifupi zisanu ndi imodzi, ndipo ife tilibe kwina kopenya koma m'maso mwa Ingrid Thulin. Dzuŵa lenileni likuboola mitambo pa kamphindi kamodzi, nkugwera mbusayo ali pafupi ndi zenera, pa nthaŵi yomwe iye akudandaula kuti Mulungu wamsiya. Filimuyo siikutiuza tanthauzo la dzuŵalo. Wina adzati ndi yankho limene mbusayo sadalione. Wina adzati ndi nyengo chabe. Koma likadakhala kuti dzuŵa lili ponseponse kuyambira pachiyambi, funso lomwelo silikadabadwa.

Pa imfa ya msodzi kamera ikuima patali. Tikuona mbusa ataima pafupi ndi mtembo wofunditsidwa, mau onse atamizidwa ndi mkokomo wa madzi, popanda nyimbo yotiuza kuti tilire. Ife tikuyesa kuti umenewu ndi ulemu, ndipo ojambula a masiku ano amene amathamangira kuika kamera pa nkhope ya mayi wolira maliro akadaphunzirapo kanthu. Chakumapeto, mlonda wa tchalitchi wolumala msana, Algot, akuuza mbusayo maganizo ake akuti zoŵaŵa zazikulu za Ambuye Yesu sizinali za m'thupi ai, koma kuthaŵidwa ndi ophunzira ake ndi kukhala chete kwa Atate. Kenaka mbusa uja akuyamba mapemphero a madzulo m'tchalitchi chopanda anthu, m'mene mwakhala Märta yekha, amene sakhulupirira nkomwe. Akhristu akhala akutsutsana za mathero ameneŵa kwa zaka 60. Si filimu yoonera pamodzi ndi ana, ndipo siitonthoza. Koma aliyense amene adaonapo wansembe kapena mphunzitsi wa katekisimu akugwira ntchito yake mokhulupirika m'nyengo ya chilala cha mumtima, adzaizindikira.

Kuchokera apo, nkhope ya munthu idasanduka munda wa Nykvist. Mu Persona ya mu 1966 adalumikiza theka la nkhope ya Liv Ullmann ndi theka la nkhope ya Bibi Andersson kukhala nkhope imodzi yododometsa. Ankasamala kwambiri za maso, kuti kadontho ka kuŵala kaoneke m'menemo, pakuti diso lopanda kadontho kameneko limaoneka lakufa. Ochita seŵero ankamkonda chifukwa sankaŵatopetsa ndi kudikira nyali zambiri, ndiponso sankaŵamanga pa malo amodzi. Kuŵala kofeŵa kodzaza chipinda kumalola munthu kuyenda momasuka.

Mafilimu amitundumitundu adamvuta poyamba. Filimu yoyamba ya Bergman yosakhala yakuda ndi yoyera, All These Women ya mu 1964, idatuluka yoŵala mopitirira, ndipo siidakondweretse eniake. Mu The Passion of Anna ya mu 1969 adaphunzira kuchepetsa mitundu mpaka kutsala yotuŵa ndi yodera. Kenaka mu 1972 kudabwera Cries and Whispers, yojambulidwa m'nyumba yaikulu yakale ya Taxinge-Näsby, m'mene makoma, makatani ndi pansi pomwe nzofiira. Bergman ankati kuyambira ali mwana ankaganiza kuti m'kati mwa mzimu wa munthu ndi mofiira. Chofiira ndi mdani wa wojambula, chifukwa chimabwezera mtundu wake pa khungu la anthu, ndipo Nykvist adayesa kambirimbiri asanapeze muyeso woti nkhope zikhalebe za anthu. M'zipinda zofiirazo mukuyenda akazi ovala zoyera. Agnes akufa ndi khansa. Abale ake aŵiri, Karin ndi Maria, abwera kudzamdwazika, koma akunyansidwa kumkhudza. Amene akumfungatira pa chifuwa ndi wantchito wa m'nyumba, Anna, mayi wosauka amene mwana wake adamwalira. Chithunzi cha Anna atanyamula Agnes pa miyendo pake Mkatolika aliyense adzachizindikira, pakuti nchofanana ndi cha Amayi Maria atalandira mtembo wa Mwana wao pansi pa mtanda. Kuŵala kwake nkochepa, kochokera mbali imodzi, ngati kwa nyali ya koloboyi m'nyumba ya matenda usiku. Pa ntchito imeneyi Nykvist adalandira Oscar yake yoyamba mu 1974.

Yachiŵiri idadza mu 1984 chifukwa cha Fanny and Alexander, imene idatuluka mu 1982. M'menemo kuŵala kukunena zimene mau sakunena. Nyumba ya agogo a anawo pa Khrisimasi ya 1907 njodzaza ndi makandulo, nsalu zofiira ndi kuseka, ngakhale kuti eniake ndi anthu ochimwa poyera. Nyumba ya bishopu wa Lutheran amene wakwatira mai ao amasiye njoyera mbee, yopanda kanthu pa makoma, kuŵala kwake kozizira ngati kwa m'ndende. Ana aŵiri a m'nyumba za atumiki a Mulungu, atakalamba, adajambula chipembedzo chopanda chikondi monga adachilaŵira. Tingakhumudwe nacho chithunzicho, koma sitinganene kuti adachipeka popanda gwero.

Mwana wa ng'ona sakulira dziŵe limodzi. Kutchuka kudamtengera ku maiko ena: ku India kukajambula Siddhartha mu 1972, ku France kukagwira ndi Louis Malle ndi Roman Polanski, ndi ku America, kumene adalandiridwa m'bungwe la American Society of Cinematographers. Adajambula Agnes of God mu 1985, The Unbearable Lightness of Being mu 1988, Crimes and Misdemeanors ya Woody Allen mu 1989, Chaplin mu 1992, ndi Sleepless in Seattle mu 1993. Zina mwa izi nzabwino, zina nzamalonda chabe zojambulidwa mwaukhondo. Chachikulu nchakuti njira yake idafalikira, kotero kuti lero kuŵala kofeŵa kooneka ngati kwa pa zenera kuli paliponse, ngakhale m'zithunzi zotsatsa sopo, ndipo ana athu sadziŵa kuti kudali koyamba kumenyeredwa nkhondo.

Ntchito imodzi ya zaka zimenezo iyenera kuikidwa payokha. Mu 1985 Andrei Tarkovsky wa ku Russia, amene adaali atasiya dziko lake la Soviet Union, adadza ku Sweden kudzapanga The Sacrifice pa chilumba cha Gotland. Nkhani yake ndi ya munthu wophunzira, Alexander, amene pa tsiku lokumbukira kubadwa kwake akumva kuti nkhondo ya mabomba a atomiki yayamba. Munthu amene sankapemphera akugwada nalonjeza Mulungu kuti akaleŵetsa tsokalo, iye adzasiya zonse: nyumba, banja, ngakhale kulankhula. Kutacha, dziko lili bwinobwino ngati palibe chidachitika. Tsono achite chiyani ndi lonjezo lija? Akulisunga, natentha nyumba yake. Pa zithunzi za usiku wa manthawo, Nykvist adachotsa mitundu yambiri potsuka filimu, kotero kuti dziko likuoneka ngati latha magazi.

Tarkovsky ankakonda zithunzi zazitali zosadukiza, ndipo adafuna kuti kupsa kwa nyumbayo kujambulidwe kamodzinkamodzi, kwa mphindi zoposa zisanu ndi imodzi, kamera ikuyenda pa njanji uku ndi uku kutsata Alexander, banja lake ndi galimoto la chipatala lodzamtenga. Panali kamera imodzi yokha. Moto utakolera, nyumba ikuyaka, kamera ija idafooka nkuleka kuyenda bwino. Nyumba idapsa mpaka phulusa pamaso pa onse, chithunzi osatheka. Taganizani za wojambula wa zaka 62, wa mphoto ziŵiri za Oscar, ataima pambali pa makina ofa, ntchito ya miyezi ikusanduka utsi. Tarkovsky adakana kulumikiza zidutswa. Ndalama zidafunidwa, amisiri adamanganso nyumbayo m'masiku oŵerengeka, ndipo ulendo wachiŵiri adaika makamera aŵiri. Chimene timaona lero m'filimuyo ndi moto wachiŵiriwo. Ku Cannes mu 1986 filimuyi idalandira mphoto yaikulu ya oweruza ndi mphoto ya bungwe la mipingo yogwirizana, ndipo Nykvist adalemekezedwa payekha chifukwa cha luso lake. Tarkovsky sadapiteko, adaali atagwidwa kale ndi khansa, ndipo adamwalira ku Paris pa 29 December chaka chomwecho. Mu 1995, pokumbukira zaka 100 za kanema, ofesi ya ku Vatican yoona za kufalitsa nkhani idatulutsa mndandanda wa mafilimu 45 ofunika, ndipo The Sacrifice ili m'gulu la mafilimu a zachipembedzo.

Atayandikira zaka 70, Nykvist adabwerera ku Småland m'maganizo. Mu 1991 adatsogolera yekha filimu ya The Ox, nkhani ya m'njala yaikulu imene idagwa ku Sweden cha m'ma 1868. Mlimi waganyu, poona mkazi wake ndi khanda akufa ndi njala, akupha ng'ombe ya bwana wake. Mbusa wa m'mudzimo akumlimbikitsa kuti akaulule, poyesa kuti chilango chidzakhala chopepuka, koma bwalo likumpatsa ukaidi wa moyo wonse. Aŵerengi amene adamva kwa agogo ao za njala ya 1949 safunika kuŵafotokozera kulemera kwa mlandu wotere: ndani wachimwa koposa, wakuba ng'ombe, woweruza, kapena mbusa amene adapereka uphungu wabwino nkuononga banja? Anzake akale, Max von Sydow, Liv Ullmann ndi Erland Josephson, adabwera kudzaseŵeramo, ndipo filimuyo idaloŵa m'gulu la zopikisana pa Oscar. Mu 1995 adajambulira Liv Ullmann filimu ya Kristin Lavransdatter, yochokera m'buku la Sigrid Undset, mlembi wa ku Norway amene adaloŵa Chikatolika nalandira mphoto ya Nobel mu 1928. Mu 1997 adatulutsa buku la moyo wake, nalitcha Vördnad för ljuset, kulemekeza kuŵala, potsanzira chiphunzitso cha Schweitzer cha kulemekeza moyo, chimene adachidziŵa pa maulendo ake a ku Africa ali mnyamata.

Pa nthaŵi yomweyo matenda adaali atayamba kumkwaŵira, matenda a mu ubongo olanda munthu mau pang'onopang'ono. Ankadziŵa chimene akufuna kunena, koma liu silinkabwera. Wojambula sagwira ntchito yekha: ayenera kuuza anyamata a nyali kuti iyi isunthe, iyo izime. Atajambula Celebrity ya Woody Allen ndi Curtain Call, zotuluka cha m'ma 1998, adaika kamera pansi. Mwana wake, Carl-Gustaf Nykvist, adapanga filimu ya moyo wa bambo ake mu 2000, m'mene Bergman, Liv Ullmann ndi ena ambiri akulankhula za munthu amene sankathanso kudzilankhulira bwino. Sven Nykvist adamwalira ku Stockholm pa 20 September 2006, ali ndi zaka 83. Patangopita miyezi khumi, pa 30 July 2007, Bergman naye adatsikira kuli chete m'nyumba yake ya pa chilumba cha Fårö.